Nthiti Zanga Makumi Awiri ndi Zisanu

Amene andiuza kuti ndilembe nkhaniyi ndi amuna anga, bambo a ana anga asanu ndi mmodzi. Mukadawadziwa mukadadabwa, chifukwa munthu uja sakonda kuti za m'nyumba zituluke. Ngakhale mbuzi yathu ikabereka amanena monong'ona. Koma sabata yatha, titabwera ku maliro kwawo kwa Malemia, adapita okha pa okala, kukagula kope ili ndi bolopeni, n'kuziika pa miyendo panga. Adati, "Mayi, lembani. Mulembe zonse, ndi ng'ombe yomwe." Ndiye ndikulemba. Sukulu ndidalekeza sitandade sikisi, chaka chomwe madzi adakokolola kamlatho komwe tinkawolokera, ndiye pomwe ndakhotetsa muwongole nokha. Koma nambala zokha musakhudze, chifukwa nambala ndi zomwe zidatipweteka.

Ndiyambe ndi iwowo, kuti muwaone kaye. Amuna anga ndi munthu wochepa thupi, wowonda ngati phesi la mapira. Ine ndine wathupi, pa kabaza amandiyang'ana kawiri asadavomere. Iwo agwira ntchito yothirira nzimbe pa esiteti zaka zambirimbiri, ndipo ku tchalitchi kwathu kuno kwa Katunga ndi mkulu wa mpingo. Nkhuku sapha. Alendo akabwera mpeni amandipatsa ine, iwo n'kukaima kuseri kwa nkhokwe, kuyang'ana kumwamba ngati awerenge mitambo. Chikwatirane chathu sadandimenyepo ngakhale mbama imodzi. Ineyo ndi amene ndidawagendapo ndi chikho, kale ndili mtsikana, ndipo adatola chikhocho n'kukachitsuka.

Tsono ng'ombe. Udali mwezi wa Okotobala, kutentha kuja koti ngakhale abuluzi safuna kuwoloka bwalo. Ndidali pa mjigo ndikuchapa, ng'ombe za aneba athu zikuchokera ku dambo ndi ludzu. Nkhunzi ina yakuda, ya nyanga imodzi, idaona beseni langa la madzi. Idalibe mlandu ndi ine, inkangofuna beseni, koma pakati pa iyo ndi beseni padali ineyo. Idandikankhira pa simenti yochapirapo ija, ndipo ndidamva kuti tswa mbali ya kumanzere. Amayi onse a pa mjigo adaona. Madziwo idamwa onse, ndi thovu la sopo lomwe.

Ku ntchito kwa amuna anga kuli chomwe amati sikimu ya zachipatala. Amawadula kena kake pa malipiro mwezi ndi mwezi, n'kutipatsa khadi. Ukadwala umapita ku kiliniki yolipira, kuonetsa khadi, ndipo bilu yako amaitumiza ku ofesi ya sikimu ku Blantyre. Khadi langa ndinkalisunga m'chitini cha singano ndi mabatani, ndisadaligwiritsepo ntchito n'kamodzi komwe, poti ine sindidwaladwala. Ndinene zoona, pakati pa ululu wonse uja mumtima mudali kachisangalalo, kuti lero lokha ndidyako zomwe akhala akutidula.

Adandijambula. Adokotala adakweza chithunzi chakuda chija pa zenera n'kundilozera nthiti ziwiri zothyoka. Adati nthiti samaimanga chikhakha ngati mkono, imapola yokha, ine ndingomwa mapiritsi, ndisanyamule katundu, ndisaseke kwambiri. Zosanyamula katundu ndidamvera masiku anayi. Zosaseka sindidayese n'komwe, m'nyumba momwe muli munthu amene akaponda nkhuku amaipepesa.

Imodzi idapoladi. Inzake idakana. Patatha miyezi itatu, ndikatsokomola, ndikawerama, ndikatembenuka pa mphasa, inkalira kuti kwe, ngati chitseko chosowa mafuta, ululu wake n'kufika mpaka m'khutu. Adokotala adajambulanso, n'kuti zimachitika, nsonga ziwiri za fupa zangokhala moyandikana koma sizikugwirizana. Ndidawauza kuti zimenezo ndikuzidziwa, mabanja otero alipo ambiri kwathu. Adati ndizibwera mwezi uliwonse azidzandipima ndi kundipatsa mapiritsi ena amphamvu, oyera, ang'onoang'ono ngati nthangala za thonje. Amenewo ndiye ankandithandiza. Ndikamwa ndinkalima ngati munthu.

Apa muyenera kumudziwa mayi kalaliki. Pa kiliniki paja, ukachoka kwa dokotala, usadafike pa zenera la mankhwala, umadutsa kwa mayi wina wa magalasi, msinkhu wa mwana wanga woyamba, Msena wa ku Nsanje ngati amuna anga. Adali ndi kompyuta ndi fani yomwe inkauzira iye yekha, enafe tikungoimva kulira. Ntchito yake idali kusandutsa matenda kukhala nambala. Adandifotokozera yekha tsiku lina magetsi atazima. Adati a sikimu samva zoti m'nthiti mukupweteka, iwo amamva nambala. Matenda aliwonse pa dziko pano ali ndi nambala yake m'buku. Malungo ali ndi yake, mphere ili ndi yake, ngakhale kulumidwa ndi ng'ona. Nthiti yothyoka kumene ili ndi nambala yake, nthiti yokana kupola ilinso ndi ina. Nambala ikapanda kuwasangalatsa a ku Blantyre, bilu salipira, ndipo bilu ikapanda kulipiridwa zenera la mankhwala silitseguka.

Mwezi wachinayi adalemba yoona, ya nthiti yokana kupola. Nditabweranso ndidapeza mapepala abwerera. A sikimu adati nambala imeneyo sailandira popanda kalata ya dokotala wamkulu wa mafupa, ndipo dokotala ameneyo amakhala ku Blantyre. Ine tsiku limenelo mapiritsi adali atanditha masiku atatu, ndidali nditagwirira khoma, thukuta likuchita kutsika m'miyendo. Mayi uja adandiyang'ana pamwamba pa magalasi nthawi yaitali. Kenako adandiuza kuti ndikhale pa benchi, n'kugogoda kompyuta yake pang'ono, n'kuti zadutsa, ndisaine apa. Fomu idali ya Chingerezi. Ndidasaina dzina langa bwinobwino, poti kulemba dzina ndimatha, ndidalandira mapiritsi, n'kumuthokoza m'chinenero chake, kuti takhuta.

Zidayenda choncho miyezi makumi awiri ndi itatu. Kufika, kusaina, mapiritsi, takhuta. Ndinkamutengera mbatata, nthawi ya masau masau, kamodzi ndidamutengera milamba yowamba mpaka ofesi yonse idanunkha. Sindidafunse kuti zikudutsa bwanji. Munthu akakutsegulira chitseko sufunsa kuti kiyi waitenga kuti.

Chomwe ankachita ndidachidziwa pambuyo pake, koma ndikuuzirenitu kuti musasochere. Mayi uja ankandithyola nthiti yatsopano mwezi uliwonse. Nambala ya nthiti yothyoka kumene inkadutsa ku Blantyre popanda funso, ndiye ankalemba imeneyo. Vuto lake, fomu ya nthiti yatsopano ili ndi kabokosi kolembamo chomwe chathyola. Ng'ombe sakadailemba mwezi uliwonse. Komanso nkhunzi ija idali itaphedwa kale pa ukwati wa mwana wa aneba, ineyo ndidadyako, ndidachita kusankha dala nthiti. Ndiye ankasinthasintha. Pa kabaza ndidagwa kanayi. Kubafa ndidaterereka katatu. Chitseko chidandimenya kawiri. Bwato lidandipana pa doko. Ndidagwa mu mtengo wa masau, ine, wa thupi ili. Zina ndaiwala. Nzeru zitamuthera, miyezi isanu ndi itatu yomalizira ankangolemba kuti zachitikira kunyumba, chochititsa sichikudziwika.

Kompyuta ya ku Blantyre idalandira nthiti zonsezi osadandaula. Ziwiri za ng'ombe, n'kumawonjezera imodzi imodzi, mpaka tidafika pa ya makumi awiri ndi zisanu. Pamenepo akuti idayatsa chofiira, chifukwa munthu ali ndi nthiti makumi awiri ndi zinayi basi. Nthiti zonse zija idaziona zabwinobwino, idangodabwa ndi yopitirira.

Lachitatu lina ndikupeta mchewere pakhomo, padaima galimoto yoyera. Mudatsika mayi wa ku sikimu, wa nsapato za gogoda zomwe zinkamira mu mchenga, ndi bambo wina wa ku ofesi ya esiteti yoona za mabanja a antchito. Amuna anga adali atangoweruka, adathamanga kukawatengera mipando. Mayi uja sadawayankhe moni. Adawapempha kuti achokepo kaye, ndipo iwo adapita kuseri kwa nkhokwe, kumalo kwawo.

Mayi uja adandigwira dzanja. "Amayi, musaope, pano palibe amene angakukhudzeni. Akhala akukuchitani zimenezi kuyambira liti?"

Ndidamufunsa ngati akunena ng'ombe. Adatsegula faelo n'kuyamba kundiwerengera ngozi zanga imodzi imodzi, ndi miyezi yake. Atafika pa mtengo wa masau ndidaseka mpaka nthiti idati kwe, ndidagwira pambali, misozi ikutuluka. Iye adalemba kuti ndalira. Ndidamuuza kuti amuna anga sadandikhudzepo, adati amayi onse ozunzidwa amayamba ndi kukana. Ndidati awayang'ane kuchepa kwake, adati ochepa thupi ndi omwe amakhala ndi ukali. Ndidati ndi mkulu wa mpingo, adalemba mofulumira kuposa kale. Ndidati zonsezi sindikuzidziwa, adandionetsa dzina langa, lolembedwa ndi dzanja langa, kamakumi awiri ndi katatu. Chilichonse chomwe ndinkanena chinkalowa m'faelo ngati umboni wowatsutsa, moti pomaliza ndidangokhala chete, ndipo adalemba kuti ndikuopa kulankhula.

Ndisamunamizire, mayi uja sadali woipa. Alipo amayi kuno omwe akadagwada kuthokoza galimoto ija ikadaima pakhomo pawo. Ndidamulozera ndi mlomo makomo awiri, koma pepala lake lidali ndi dzina langa lokha.

Galimoto yoyera sibisika pamudzi, ndipo mkazi wa bambo wa ku ofesi uja amagulitsa tomato pa msika. Sabata isadathe nkhani idali paliponse. Amayi adayamba kundibweretsera phala ndi mazira, akulankhula motsitsa ngati pa siwa. Anzanga a pa mjigo, mboni zanga zenizeni, adati ziwiri zoyamba adaona ndi maso kuti ndi ng'ombe, koma ng'ombeyo tidadya, nanga zinazo akuthyola ndani? Akabaza adawapatsa amuna anga dzina loti bambo a nthiti. Amuna ena omwe kale ankawaseka kuti amaopa mkazi adayamba kuwapatukira m'njira ndi kuwavulira zipewa. Mchimwene wanga, amene ndi nkhoswe yathu, adapalasa njinga kuchokera kwa Maseya atamangirira pilo pa kaliyala, kuti anditengere kwathu. Adadya, adagona masana pansi pa mtengo wa nimu, adabwerera ndi pilo wake.

Zonsezo amuna anga akadapirira. Chidawathyola ndi tchalitchi. Adawaimitsa pa ukulu wa mpingo mpaka nkhani itaoneka bwino, n'kuwauza kuti azikhala kumbuyo. Munthu amene zaka zonsezi ndi amene ankanyamula mbale ya mgonero, akuyenda pang'onopang'ono ngati wanyamula mwana wakhanda. Loweruka lililonse ankasitabe jekete lawo ndi simbi ya makala, Lamulungu n'kukakhala nalo pa benchi yomaliza, pakati pa obwera mochedwa ndi amayi oyamwitsa. Chakudya adayamba kusiya theka. Munthu amene adalibe kale poti n'kuwondera.

Ndidapita kwa mayi kalaliki. Adatseka chitseko, adazimitsa fani, n'kuvula magalasi. Ndi pomwe adandiuza zonse zomwe ndakuuzani kale zija, akulira. Adati ankangofuna kuti ndisabwerere wopanda mankhwala, za kunyumba zija adalemba poti mitengo ndi mabwato zidamuthera. Ndidamufunsa kuti tikonza bwanji. Adati njira ndi imodzi, nambala yoona, ndi kalata ya dokotala wa mafupa. Iye adzalandira chilango chake, zimenezo adazivomera. Koma padali china chomwe sadandiuze kale. Nthiti yokana kupola a sikimu amaiika m'gulu la matenda okhalitsa, ndipo khadi la antchito wamba ngati lathu silifika kumeneko. Tsiku lomwe nambala yoona idzalowe mu kompyuta, mapiritsi oyera aja adzathera pomwepo.

Ndidakawauza amuna anga ali pa khonde akusoka nsapato ya ku ntchito. Sadaweramuke.

"Zisiyeni, mayi," adatero. "Kumbuyo kuja ulaliki umamvekanso bwino. Inu muzimwa mapiritsi anu."

"Nanga dzina lanu?"

"Dzina silipweteka potembenuka."

Ndidawayankha ndi liwu limodzi la kwawo, lomwe apongozi anga ankatsekera nalo nkhani iliyonse. Ndidati nkhabe, kutanthauza kuti ayi.

Komabe mapiritsi ndinkawafuna, ndisaname. Ndiye ndidaganiza njira yachidule, yoti dzina liyere koma nambala isakhudzidwe. Ngati munthu ali ndi nthiti makumi awiri ndi zinayi, ndipo pepala likuti zathyoka makumi awiri ndi zisanu, ndiye kuti pepalalo n'labodza, ndipo ngakhale mwana wa sitandade wani angaone. Ndidapempha kuti akulu a mpingo andimve.

Tidakumana m'vesitile Lachinayi masana, abusa, akulu anayi, ndi amayi atatu otsogolera amayi anzawo. Ndidaika masamu anga pa tebulo. Ndidaona ngati ndapambana. Kenako mkulu wina, amene adapuma pa uphunzitsi ndipo sadagonjepo pa mtsutso chibadwire, adakonza pakhosi. Adati makumi awiri ndi zinayi ndi za mwamuna. Mkazi ali ndi ina yowonjezera, ija idachotsedwa mwa mwamuna pachiyambi, ndipo aliyense wa m'chipindamo akuidziwa nkhani yake. Ndiye makumi awiri ndi zisanu zakwana ndendende, pepala silidaname, m'bale wathuyu wathyola za mkazi wake zonse n'kumalizira yake yomwe. Amuna anga adadzigwira pambali.

Mkulu wina, amene amapha mbuzi pa msika, adakana. Adati iye nthiti amaziwerenga tsiku ndi tsiku ndi mpeni, mbuzi ili nazo makumi awiri ndi zisanu ndi imodzi, ndipo sizingatheke kuti munthu, wolengedwa mwaulemu chotere, achepekedwe ndi mbuzi. Ndidayamba kumuthokoza mumtima, koma adamaliza ndi kunena kuti ndiye kuti kwa mayiwa kwatsala imodzi, tifulumire isadathyoke nayonso.

Abusa adaona kuti zikutalika, adalamula kuti ziwerengedwe. Amayi atatu aja adanditengera kuseri kwa katani komwe amasungako ng'oma za kwaya, ndidavula bulauzi. Tsono thupi langali, nthiti zilimo, koma zili kutali. Chala chimalowa, chimafufuza, chimabwerako chopanda kanthu. Komanso ine munthu akandigwira m'mbali ndimaseka, sindingathe kudziletsa, ndipo kunja kwa katani kuseka kwanga kunkamveka ngati kubuula. Woyamba adapeza khumi ndi zisanu ndi zinayi. Wachiwiri adapeza makumi awiri ndi ziwiri. Wachitatu, gogo wina wosamva bwino koma wa zala zolimba ngati zikwanje, adapeza makumi awiri ndi zisanu ndi ziwiri, chifukwa ija yolira ikati kwe ankaiwerenganso. Chigamulo chidali choti m'baleyo akhalebe kumbuyo mpaka chiwerengero chitadziwika.

Potuluka, amuna anga adanditsegulira chitseko, n'kundinyamulira chikwama. Ndidamva mayi wina kumbuyo akuti taonani, akudziwa chomwe adachita. Pamenepo ndi pomwe ndidawatsanzika mapiritsi mumtima.

Tidakwera minibasi ya ku Blantyre Lolemba. Iwo adati sangandisiye ndipite ndekha. Tisadafike n'komwe pa Thabwa, mayi wina wotidziwa adapempha kusinthana malo n'kudzakhala pakati pathu, ndi dengu lake la nsomba, akuwayang'ana amuna anga ulendo wonse. Mapiri aja ine sindiwakonda, makutu amatseka, ndipo pa kona iliyonse nthiti inkati kwe, mayi uja n'kumapukusa mutu. Kumtunda kuja kumazizira ngati m'botolo la fanta. Anthu ake amavala majuzi mu Novembala, ndipo madzi akumwa amatuluka pa mpopi ali ozizira kale, osafuna mtsuko. Tidafikira kwa mwana wathu wamkazi, tidadikira pa mzere wa chipatala masiku awiri.

Dokotala wa mafupa adali bambo wamtali, wa imvi za m'mbali, wolankhula pang'onopang'ono. Adandijambula chifuwa chonse. Adakweza chithunzi pa nyali n'kuwerenga mokweza ndi bolopeni, khumi ndi ziwiri uku, khumi ndi ziwiri uku. Adandionetsa ina yokhala ndi kamfundo, adati iyi idathyoka n'kupola, fupa likapola limasiya chizindikiro chotere. Adandionetsa inzake yotseguka pakati. Zina zonse zidali zosalala, sizidathyokepo chibadwire. Kenako adawerenga faelo yanga, ndipo adakhala nthawi yaitali pa tsamba lina mapewa akugwedezeka. Adangondifunsa ngati masauwo ndidatsika nawo.

Amuna anga adakweza dzanja ngati ali m'kalasi.

"Adokotala, pepani. Zanganso mungawerenge?"

Sipadafunike makina. Adangokweza malaya, zonse zidali pabwalo. Dokotala adawerenga ndi bolopeni yomwe ija, makumi awiri ndi zinayi, chimodzimodzi zanga. Adazilembanso m'kalatamo, pansi pa nambala yoona ija, amuna anga atawachonderera.

Titabwera nayo kalata ku kiliniki kudabuka china. A sikimu adati nthiti makumi awiri ndi zitatu zabodza zija sizingafufutidwe, kompyuta yawo siifufuta zomwe idalipira. Iliyonse idatsegulidwa ngati yothyoka, ndiye iliyonse iyenera kutsekedwa ngati yopola, pa fomu yakeyake. Lachisanu lina mayi kalaliki adandikhazika pa benchi kuyambira m'mawa, iye akugogoda, ine ndikusaina. Pofika thuu koloko ndidali nditapola nthiti makumi awiri ndi zitatu. Ya kabaza, ya bwato, ya masau, zonse. Idatsala ija yokha yomwe inkapwetekadi. Abusa atamva adafuna kuti ndikaperekere umboni kutsogolo, kuti zotere sizichitikachitika, ndidawauza kuti dzanja ndi lomwe lidatopa. Mayi kalaliki adamupatsa kalata yomuchenjeza, n'kumusamutsira pa zenera lolembera mayina, kopanda fani. Mbatata ndimamutengerabe.

Kalata ya dokotala idawerengedwa m'tchalitchi Lamulungu lotsatira, chithunzi chidayenda benchi ndi benchi, aliyense akuchikweza ku zenera. Mphunzitsi uja adawerenga katatu, n'kunena kuti chithunzicho chajambula kutsogolo kokha, ina ikhoza kubisala kumbuyo, koma padalibe womutsatira. Amuna anga adabwerera kutsogolo. Tsiku la mgonero adanyamula mbale, jekete likuwakhuthukira, ndipo ine ndidayang'ana pansi kuti ndisalire, chifukwa kulira nako kumaliza nthiti.

Mapiritsi oyera adatha mwezi womwewo, monga adanenera. Pano ndimagula a pa okala, omwe amangoupepesa ululu osauchotsa. Nthawi ya Juni ndimagona mbali imodzi yokha, khasu ndimalima nalo theka la m'mawa, mtolo wa nkhuni amanyamula ndi iwo, mkulu wa mpingo, pamutu, anthu akuona. Chithunzi chija chili pa zenera la pa balaza. Mlendo aliyense timamupatsa mpando ndi madzi, kenako amuna anga amamupatsa kamtengo kuti awerenge yekha.

Ndinkaona ngati zatha. Koma kalata idawerengedwa m'tchalitchi chimodzi, pomwe nkhani ija idakwera minibasi, idatsika ku Nsanje, idawoloka mpaka kwa abale awo a ku Mozambiki. Ku maliro kuja kwa Malemia, titachoka kumanda, mwana wa mlongo wawo, amene wangokwatira kumene, adawaitanira pambali mwaulemu wonse, atagwira chipewa m'manja. Ine ndidali pafupi ndikutsuka mbale, ndidamva ndekha.

"Malume, mbiri yanu tidaimva. Mkazi wangayu samva. Inu mumayambira mbali iti?"

Tidabwerera kunyumba pa minibasi, ndipo m'mawa mwake ndi pomwe amuna anga adapita pa okala kukagula kope ili.

Ndiye inu amene mwawerenga mpaka pano, musalisunge m'chitini ngati mmene ndinkasungira khadi. Mupatseni mnzanu. Amene sadziwa kuwerenga muwerengereni, pa mjigo, pa siteji ya kabaza, pa mzere wa kiliniki. Amene mukupita kwa Malemia kapena kutsidya, muitembenuze m'Chisena, ndipo mukamupeza mwana wa mlamu wanga uja mumukhazike pansi, mumuwerengere kawiri, mkazi wake ali pomwepo. Mukaiwala zina zonse, nambala zokha mukafike nazo zili bwino. Ng'ombe idathyola ziwiri. Kompyuta idathyola makumi awiri ndi zitatu. Amuna anga sadathyole n'imodzi yomwe.